Mutu 5: Makalendala Awiri M'nyumba Imodzi

1. Thabwa litsika kudenga

M'nyumba ya a Pendse, m'mudzi wa Sonavali, munkakhala mabanja awiri, ndipo ankadana. Denga lidali limodzi, chitsime chimodzi, koma mafuwa awiri. Mbali ya kum'mawa kunkakhala a Kaka, akulu awo a malemu bambo a Ketaki, pamodzi ndi akazi awo a Kaku ndi mwana wawo Ninad. Mbali ya kumadzulo kunkakhala Ketaki ndi amayi ake. Mchimwene wake wa Ketaki, Onkar, ankagwira ntchito pafakitale ina ya mankhwala ku Mumbai.

Chimene chinkawakumanitsa anthu amenewa chidali Ganapati basi. Chaka chilichonse, nyengo ya mvula, woumba ankaumba chifaniziro cha mulungu wa mutu wa njovuyo pathabwa la banja, ndipo mwana wamwamuna ankachisenza pamutu kubwera nacho kunyumba. Mabanjawo ankasinthana, chaka chino kum'mawa, chaka chamawa kumadzulo. Lamulo limene makolo adasiya lidali louma gwa: mbali imene yalephera kutulutsa wosenza pa chaka chake, thabwa limachoka m'manja mwake mpaka kalekale.

Chaka chimenechi chidali cha kumadzulo, koyamba chimwalirire bambo a Ketaki. Onkar ndiye ankayenera kusenza m'malo mwa bambo ake.

Lachisanu lina m'mawa, mvula ikukhuthuka, Ketaki ankasesa pakhonde. Adaona Ninad ali pamakwerero, akutsitsa thabwa lija kudenga, a Kaka akumulandira.

"Thabwa mwatsitsiranji, a Kaka?" adafunsa Ketaki. "Nthawi ikadalipo."

"Ikadalipo kwa yani?" adayankha a Kaka osamuyang'ana. "Mawa lipita kwa woumba. Ganapati alowa m'nyumba muno mwezi wamawa."

"Mwezi wamawa ndi Ogasiti. Chikondwerero chili mu Seputembala."

A Kaka adasiya kupukuta fumbi. "Wakuuza ndani?"

"Kalendala."

"Kalendala yake iti?"

A Kaku, amene ankapala kokonati pakhomo la khitchini yawo, adaseka kaphwetephwete kaja amaseka munthu amene wadikira nthawi yaitali.

"Amake Onkar, tatulukani," adaitana. "Mwana wanu watisinthira mwezi."

2. Safunsa

Tsono pano mpofunika kunena za makalendalawo. Kukhitchini kwa amayi a Ketaki kunkapachikika kalendala yamasamba khumi ndi awiri, ija imapezeka pakhoma la pafupifupi nyumba iliyonse kuyambira ku Mumbai mpaka kuno kugombe. Kumaso kwake kuli masiku a zikondwerero ndi osala kudya, kuseri kwake kuli maphikidwe. Amalume a Ketaki ankaibweretsa chaka ndi chaka kuchokera kwawo kwa amayiwo.

Koma a Pendse sankatsata imeneyo. Iwo adali ndi panchanga yawo, buku lowerengera masiku a mwezi ndi nyenyezi, lomwe mabanja ochepa chabe ankalitsata. Linkakhala m'chipinda chopempherera, lokutidwa m'nsalu yofiira, ndipo munthu wosasamba sankaligwira.

Zaka zambiri kalendala ndi bukulo zinkagwirizana, mwina kusiyana tsiku limodzi lokha. Koma chaka chowerengera mwezi nchachifupi. Pakapita zaka pafupifupi zitatu, owerengera amaikapo mwezi wina wowonjezera, ndipo nthawi zina amasiyana pouika. Zikatero, Ganapati wa a Pendse amafika mwezi wathunthu mudzi wonse usadayambe ngakhale kupaka laimu m'makoma.

Ketaki ankazidziwa zimenezi, asaname. Zidachitikapo ali wamng'ono, ndipo anzake kusukulu adamunena sabata yonse kuti Ganapati wa kwawo ndi mlendo wofika nsima isadapse, wongobwera yekha popanda ng'oma. Kuyambira pamenepo buku lofiira lija adalida.

Ndiye m'nyengo yotentha yapitayo, Onkar adaimba foni. "Tandionera tsiku la Ganapati, ndipemphe tchuthi anzanga asanandipitirire."

Kuti aone m'buku, Ketaki ankayenera kusamba, kugogoda kum'mawa, ndi kumva a Kaka akumufunsa mafunso ngati wakuba. Mtsikana wa zaka khumi ndi zisanu, wanzeru m'kalasi, adaona kuti imeneyo ndi ntchito. Adangotambasula dzanja, nkutembenuza masamba a kalendala ya amayi ake, nkuwerenga tsiku. Safunsa adadya phula.

3. Mawu a a Kaka

Amayi a Ketaki adatuluka akupukuta manja. A Kaka adalowa m'chipinda chopempherera, nkutuluka ndi buku lija m'manja onse awiri. Adakhala pampando wolendewera wa pakhonde.

"Khala pansi, iwe," adatero kwa Ketaki. "Nanunso mlamu mumve, chifukwa mwanayu zimenezi sanaziphunzire kusukulu. Waziphunzira kukhitchini kwanu."

Adafunyulula nsalu yofiira pang'onopang'ono.

"Buku ili si lokongoletsera khoma. Mulibe zithunzi za sopo, mulibe kaphikidwe ka nyemba. Muli kayendedwe ka dzuwa, mwezi ndi nyenyezi. Makolo athu asanaone wotchi, ankafesa mpunga ndi buku ili. Asodzi ankaima pabwalo pomwe apa kudzafunsa tsiku limene nyanja idzaphwe kwambiri. Mwana akabadwa, chiyambi cha dzina lake chimachokera ku nyenyezi ya tsikulo. Iwe ukuti ndiwe Ketaki. Dzina limenelo unalitola kumsika? Linatuluka muno, ndipo amene anatsegula tsambalo ndine, bambo ako ali pambali panga.

"Agogo anga anaona kuti mabuku ena ayamba kusemphana ndi thambo. Buku linkati kadamsana achitika nthawi yakuti, mwezi nkuchita zake nthawi ina. Iwo anati, ine nditsata thambo. Anasankha buku la owerengera amene amayang'ana kumwamba. Mudzi uno unawasala. Zaka zambiri palibe ankadya m'nyumba muno, palibe ankatiitana ku ukwati. Koma sanabwerere m'mbuyo. Bambo anga sanabwerere. Mng'ono wanga, bambo ako, sanabwerere. Ngakhale sadaka yake timachita tsiku limene buku ili lanena, chifukwa munthu wa m'nyumba muno amamwalira pa tsiku la mwezi, osati pa nambala ya boma.

"Tayang'ana kudengako. Mitolo ukuionayo ndi mabuku a chaka chilichonse kuyambira kwa agogo anga. Palibe limene linataidwa, palibe limene linakulungiridwa nsomba. Tsiku loyamba la chaka timalipaka chikasu ndi ufa wofiira, timaliwerenga tonse titasamba. Unalipo chaka chino. Unkayasamula.

"Ndinanena kalekale kuti kalendala ija ichoke m'nyumba muno. Mapanga awiri avumbwitsa. Mng'ono wanga anati, asiyeni, ndi ya kwawo. Lero si izi, mwavumbwa."

Amayi a Ketaki adaweramitsa mutu. "Mwana walakwa, alamu. Tikonza."

"Mukonza mwezi?" adalowerera a Kaku. "Koma anthu a kwanu ndinu amphamvu."

A Kaka adakweza dzanja kuti akazi awo akhale chete. "Ine sindilanda cha mwini. Mawa thabwa lipita m'dzina la Onkar, ndipo ukalipereka kwa woumba ndiwe, Ketaki, poti mlongo wako kulibe. Nthawi yonyamukira ndiona m'buku m'mawa. Koma tsiku la Ganapati likafika Onkar asanaponde pabwalo pano, asenza ndi Ninad. Zikatero, inu a kumadzulo mudzakhala oonerera mpaka zidzukulu zanu."

4. Foni ya ku Mumbai

Masana, nthawi imene ku fakitale amapuma, Ketaki adapita kuseri kwa khola ndi foni ya amayi ake. Adafotokoza mwachangu, mawu akupunthwapunthwa.

Kumbuyo kwa Onkar kunkamveka mbale ndi anthu akuseka.

"Wati Ogasiti?"

"Eya, achimwene."

"Ukudziwa mmene ndinalimbirana nacho tchuthi chimenecho? Anyamata onse a kugombe timapempha nthawi imodzi. Abwana anavomera cha Seputembala, ndipo anandiuza pamaso kuti ndisadzabwerenso ndi nkhani ina. Malo m'sitima ndinagula kale. Ndinakuuza kuti ukafunse a Kaka."

"Simunatero. Munangoti tandionera."

"Ndiye ukuti ndalakwa ndine? Mwana wa m'nyumba ya Pendse ndichite kumuuza kuti aone m'buku liti? Bambo anasenza thabwa limenelo ngakhale chaka chija ankakhosomola magazi. Ine ndilitaye chaka changa choyamba chifukwa iwe unachita ulesi kusamba?"

"Pepani, achimwene."

"Pepani sapoletsa chilonda."

Foni idaduka. Ketaki adaimbanso, koma Onkar sadayankhe.

Pobwerera adapeza Ninad pabwalo, atasenza mphika wopanda kanthu pamutu, akuyenda mwaulemu ngati mkwati. Mnyamatayu adali wamkulu kwa Ketaki ndi zaka ziwiri, koma nzeru zake zidatsalira m'mbuyo.

"Ndikuyeserera," adatero. "Ukuona bwanji, khosi lawongoka? Usadandaule, mchemwali. Tidzakupatsako ntchito yotsuka nyale."

"Mutu wakowo ukuyenera mphika womwewo," adayankha Ketaki. "Zonse ndi zopanda kanthu m'kati."

"Koma wanga umadziwa mwezi."

Ketaki adalowa m'nyumba mwaukali. Adamuda Ninad, adawada a Kaku, adawada a Kaka, koma koposa onse adalida buku lija.

5. Mawu a amayi

Madzulo amayi ake ankasankha timiyala mumpunga. Ketaki adakhala pafupi, maso ali pa kalendala ya pakhoma.

"Mudzi wonse ukutsata iyi," adatero. "Mumbai yense akutsata iyi. Ife tokha ndiye tili ndi thambo lathulathu? Buku lija likanapanda kukhalapo, a Kaka akanatsata ya anthu onse, achimwene nkufika bwinobwino."

Amayi ake adaika lichero pansi.

"Pakamwa pakopo, mwana iwe. Makoma a nyumba ino ndi opyapyala. Tamvera, ndikuuze kamodzi.

"Ine ndinabwera muno ndi kalendala ya kwathu m'bokosi. Chaka choyamba ndinasala kudya tsiku lolakwika. Apongozi anga anandiseka pamaso pa alendo, a Kaku akuthandizira. Ndinalira kuchitsime mpaka maso kutupa. Bambo ako anandipeza komweko. Anati, Sulabha, kalendala yako sunga, uziona tsiku limene amayi ako akusala kwanu, uziwakumbukira. Koma za m'nyumba muno uzifunsa buku la m'nyumba muno. Kuyambira pamenepo ndakhala ndi ziwirizi zaka zonsezi, ndipo sindinavumbwepo. Vuto si mapanga awiri. Vuto ndi munthu wosafunsa kuti lero tigona m'phanga liti.

"A Kaka ako ndi ouma mtima, zimenezo sindikana. Koma pa nkhani iyi sananame. Buku lija bambo ako ankaligwira ndi manja awiri. Ukalinyoza, sukunyoza a Kaka okha.

"Mchimwene wako ndi mwana wa bambo ake. Akalusa amafuula, akatha kufuula amafunafuna njira. Mpatse nthawi. Masabata alipo. Chimene a Kaku akudikira nchakuti ife tipunthwe kamodzi kokha. Usawapatse ndodo yotimenyera. Mawa usambe, uvale bwino, usenze thabwa, ukapereke. Ntchito yako ndi imeneyo basi. Wamva?"

"Ndamva," adatero Ketaki.

Adamvadi, koma ndi khutu limodzi. Mawu a akuluakulu amakoma akagonera, ndipo Ketaki sadafune kuwadikira kuti agonere.

6. Moto wa kuseri

Kuseri kwa nyumba kudali mphika waukulu wamkuwa wotenthetsera madzi osamba. Mabanja onse awiri ankatunga momwemo, koma ntchito yosonkha moto idali ya amayi a Ketaki chikwatiwire. M'mawa mwake, kunja kukuyera, adakoleza makoko a kokonati nkupita kukhola kukakama ng'ombe.

Kum'mawa kudali zii. A Kaka ankatsuka mano kuchitsime, a Kaku adali asadatuluke.

Ketaki adalowa m'chipinda chopempherera osasamba. Adafunyulula nsalu yofiira. Buku lidali lopepuka kuposa mmene ankaganizira, chikuto chake chili chikasu ndi ufa wofiira zokhazokha, zosakanikirana ndi mafuta a nyale. Adapinda nsalu ija nkuibwezera pamalo pake. Buku adalibisa m'malaya.

Pamoto adaima pang'ono. Ng'ombe idalira kukhola. Adamva amayi ake akuinyengerera ndi mawu aja ankamunyengerera nawo iye akadwala. Apo akadabwerera, palibe akadadziwa.

Sadabwerere. Adalikankhira bukulo pansi pa mphika, nkuwonjezera makoko pamwamba pake. Moto udalilandira, utsi udasanduka wakuda, kenako udayeranso. Ketaki adapukuta manja m'malaya nkupita kukasesa pakhonde ngati masiku onse.

Posakhalitsa a Kaka adadzatunga madzi awo. Adasamba akuimba mapemphero, madzi ake otenthetsedwa ndi buku lawo lomwe.

7. Phulusa

Ketaki adasamba, adavala malaya ake obiriwira, adamanga tsitsi. Thabwa lidali pakhonde, litapakidwa mafuta, pamwamba pake pali duwa lofiira. Amayi ake adaima pambali pake. Onse ankadikira kuti a Kaka anene nthawi.

A Kaka adatuluka m'chipinda chopempherera ndi nsalu yokhayokha m'manja.

"Buku lili kuti?"

Ninad adakasuzumira pansi pa mpando. Amayi a Ketaki adalowa kukafufuza kuseri kwa nyale.

"Mwina makoswe," adatero Ketaki, mawu ali ofewa ngati a mwana wabwino. "Akuvuta chaka chino. Koma a Kaka, ngati lasowa, kalendala ya amayi ilipo. Tingaonemo."

A Kaka adamuyang'anitsitsa. Asadanene kanthu, a Kaku adatulukira kuseri kwa nyumba, mbano ili m'manja. Ankakapala phulusa lotsukira mbale, monga ankachitira m'mawa uliwonse.

Ketaki sankadziwa chinthu chimodzi chimene aliyense wosonkha moto amadziwa: buku silipsa ngati tsamba. M'mphepete mumanyeka, pakati pamatsala. Pa mbanopo padali chibuluma chakuda ngati chikhatho cha munthu, ndipo a Kaku atachigwetsa pakhonde chidatseguka. Manambala ndi mizere ya mwezi zinkaoneka bwinobwino.

"Makoswe a chaka chino amadziwa kukoleza moto," adatero a Kaku. Adatembenukira kwa amayi a Ketaki, amene adali atangotuluka. "Moto wa kuseri amasonkha ndani m'nyumba muno? Kalendala imene mwana akutitsatsa ndi ya yani? Zaka zonsezi mukuyenda ngati mphaka, kani mumadikira mwamuna wanu afe kuti mutisandutse a kwanu."

A Kaka adagwada. Adatola chibuluma chija ndi manja awiri, nkuchiika pansalu yofiira. Ketaki adaona, kwa nthawi yoyamba, kuti ndi munthu wokalamba.

"Mudzi uno unatisala, koma sunatiwotchere buku," adatero motsitsa mawu. "Njala inabwera, agogo anagulitsa ng'ombe, koma buku la chaka chimenecho lili kudengako. Mphepo yamkuntho inasasula denga lino, bambo anga anathawa ndi mitoloyo pachifuwa, mpunga nkuusiya unyowe. Zaka zonsezo palibe chaka chosowa. Lero pakhala mpata, ndipo waubowola ndi munthu wodya m'nyumba muno.

"Tsono wachita izi amaganiza chiyani? Kuti akawotcha pepala mwezi upsa? Tsiku silinasunthe. Ninad akwera basi Lolemba, akabwereka buku kwa abale athu ku Chiplun. Ganapati alowa tsiku lomwelo, nthawi yomweyo. Mwangowotcha ulemu wanu basi.

"Ndifunsa kamodzi. Dzanja limene lachita izi silidzagwiranso chilichonse cha m'chipinda chija, ndipo mwini wake sagona pansi pa denga lino mpaka Ganapati atabwera ndi kupita. Mudzi wonse udziwa chifukwa chake. Ndani?"

Mvula inkagwa pamatailosi a denga.

Amayi ake sankayang'ana a Kaka. Ankayang'ana dzanja lamanja la mwana wawo. Chikasu chosakaniza ndi mafuta sichichoka ndi kusamba kamodzi. M'zikhadabo ndi m'mizere ya zala za Ketaki mudali mwachikasu, mwina mofiirira.

Amayiwo adasendera pafupi. Adagwira dzanja lija nkulikokera m'mapindo a nsalu yawo, ndipo adalifinya mpaka mafupa kuwawa.

"Ndine, alamu," adatero.

"Amayi..."

"Khala chete, iwe. Akulu akulankhula."

A Kaku adaomba m'manja kamodzi. "Mwamva nokha."

A Kaka adaimirira. Sadakalipe, ndipo zimenezo zidawawa kuposa kukalipa. "Mlamu, mupite kwa achimwene anu lero. Mbali imene yawotcha buku la banja singasenze mulungu wa banja. Onkar abwere kapena asabwere, zilibenso ntchito. Ninad, tenga thabwa."

8. Uthenga wabwino

Ninad adasenza thabwa lija. Sadaseke, naye adali ndi mantha. A Kaka adamufunditsa ambulera, ndipo awiriwo adatsika masitepe amiyala kulowera kwa woumba. Duwa lofiira lidagwa pa sitepe yachiwiri, palibe adalitola.

M'khitchini ya kumadzulo amayi a Ketaki ankalongedza nsalu m'chikwama. Adafika pakhoma, nkuchotsa kalendala pamsomali, nkuipinda pakati.

"Amayi, ndikawauze," adanong'ona Ketaki, misozi ili mbwembwembwe. "Ndikawauze kuti ndine."

"Thabwa libwerera ukawauza?" adafunsa amayi ake osatembenuka. "Ine ndine mlendo muno, kundinena anazolowera. Iwe ndiwe mtsikana wa m'mudzi muno. Dzina limeneli likakumata, lidzakutsata kusukulu, kuchitsime, mpaka kunyumba imene udzakwatiwe. Dzulo ndinakuuza kuti usawapatse ndodo. Tsono poti wawapatsa, ileke igwere pamsana wozolowera."

Pomwepo foni idalira pashelefu. Amayiwo adangoiyang'ana. Ketaki adaitenga nkutuluka nayo pakhonde.

"Ketaki, ndi iwe?" Mawu a Onkar adali owala, ngati si munthu uja wa dzulo. "Dzulo ndinakukalipira kwambiri, undikhululukire. Tamvera. Zatheka. Mnzanga Salim mlongo wake akukwatiwa mu Seputembala, ndipo iye anapatsidwa tchuthi cha Ogasiti. Takhala tikuyenda m'maofesi chiyambire dzulo masana. Abwana avomera kuti tisinthane. Ndisenza, mchemwali wanga. Ndisenza ngati bambo."

Ketaki adatsamira mzati. Kumunsi, pakati pa mitengo ya mango, ambulera yakuda inkapita ikuchepa.

"Ndipo mawa ndi Lamulungu, sindigwira ntchito," Onkar adapitiriza. "Ndikwera basi madzulo ano, m'mawa ndili pakhomo. Ndikufuna ndikaone thabwa kwa woumba ndi maso anga, ndidzagwirenso mapazi a a Kaka, ndipepese za tsikuli. Walisenza bwino? Silinakulemere? Tandipatsa amayi, amve okha."

Ketaki adafinya foni ija m'dzanja.

Kumbuyo kwake kudamveka zibangili. A Kaku adali ataima pakhomo lawo, mbano ikadali m'manja. Sankayang'ana chikwama cha amayi a Ketaki, sankayang'ana njira ya kwa woumba. Maso awo adali pa zala zimene zidagwira foni.

"Ketaki?" ankaitana Onkar. "Ukundimva?"

A Kaku adaika mbano pansi, nkuyandikira pang'onopang'ono.

"Tandionetsa dzanja limenelo," adatero.